Chakudya cha Mai Chikawenga Mwana wa Kubere

(Nkhani yoyankhulidwa pa wailesi ndi Mlangizi wa Zaulimi wa ku Chisemphere, m'boma la Kasungu)

 Masiku ena ndimakamba nanu za nazale ya fodya, za mizere ndi za manyowa. Lero nkhani yathu si ya kumunda ai, ndi ya m'nyumba. Ndifuna tikambirane za nthenda ina ya makanda oyamwa. Nthenda imeneyi imaopsya makolo kwambiri chifukwa imaonetsa magazi m'chimbudzi cha mwana, ndipo gwero lake ndi chakudya chimene mai wa mwanayo wadya.

Kapena wina afunsa kuti, "Kodi mlangizi wa zaulimi alowa bwanji m'nkhani ya chipatala?" Yankho lake nali. Zakudya zimene zimautsa nthenda imeneyi kawiri-kawiri ziri zitatu: mkaka wa ng'ombe, mazira ndi soya. Ndife alangizi amene timakuuzani tsiku ndi tsiku kuti wetani ng'ombe, wetani nkhuku, limani soya, ndipo idyani za m'khola ndi za m'munda mwanu. Kuno ku Chisemphere, ndi m'madera ena a Kasungu, alimi ambiri amene kale ankadalira fodya yekha tsopano amalimanso soya ndi mtedza. Tsono mphekesera yoti zakudya izi zimaononga ana itafala m'midzi, tidzataya chakudya chabwino popanda chifukwa. Komanso titabisa zoona zake, ana ena adzabvutika. Kupima ndi kupereka mankhwala ndi nchito ya achipatala. Yanga ndi kukuuzani zimene mlimi ndi mfumu ayenera kudziwa asanafike kuchipatalako, ndiponso atabwerako.

Kuwenga nchiani?

Tonse tidziwa munthu amene chakudya china chimamuwenga. Wina akadya nyama ya nkhumba, wina akadya mlamba, thupi limatuluka ziwengo ndi kuyabwa, pamene anzake amene anadya naye mbale imodzi ali bwino-bwino. Chakudyacho sichinaole, ndipo palibe anathiramo kanthu. Ndi thupi la munthuyo limene lachiyesa mdani. M'thupi mwa munthu ali yense muli chitetezo, chimene nchito yake ndi yonga ya alonda a pamudzi: kugwira tizirombo ta matenda tikalowa. Nthawi zina alondawo amalakwa, namenya mlendo wabwino amene wadza ndi mtendere. Kuwenga ndi kumeneko.

Tsono mwana wakhanda sadya nsima kapena ndiwo. Chakudya chingamuwenge bwanji? Tamverani. Mai akamwa mkaka wa ng'ombe, mimba yake imaugaya, koma tizidutswa tating'ono zedi ta zomanga thupi za mu mkakawo, zimene asukulu amati mapuloteni, timapyola m'magazi ndi kukalowa mu mkaka wa m'mawere. Kwa ana ochuluka tizidutswa timeneti sitichita kanthu. Koma kwa ana owerengeka, chitetezo cha m'thumbo lomalizira, lija loyandikana ndi kotulukira chimbudzi, chimayamba kulimbana nato. Pamenepo m'kati mwa thumbolo mumafiira, mumatupa, ndipo mumachita tizironda tosazama, monga m'kamwa mwa munthu amene wapsya ndi phala lamoto. Chimbudzi chikamadutsa pa tizironda timeneto chimatengako magazi pang'ono ndi zonanda.

Nthenda iyi si ya kuno kokha. Iri m'maiko onse. M'chaka cha 1982 Dr. Alan Lake ndi anzake awiri ku America analemba za makanda 6 amene sanalaweko china chiri chonse koma bere lokha, koma anayamba kuonetsa magazi m'chimbudzi m'mwezi wao woyamba. Atawapima sanapeze tizirombo ai. Anapeza matumbo otupa chifukwa cha chakudya chodzera mu mkaka wa amai ao. Kuyambira pamenepo madokotala aona ana ambiri otere, ndipo apeza kuti mkaka wa ng'ombe ndiwo uli patsogolo, kenaka mazira ndi soya.

Mwana wake amaoneka bwanji?

Nthendayi imayamba mwana akali wamng'ono, kawiri-kawiri m'miyezi 2 kapena 3 yoyamba. Mai pochapa thewera amaona timizere tofiira tonga ulusi, kapena timadontho ta magazi, tosakanizika ndi zonanda zonga mamina. Magaziwo si ambiri. Lero aoneka, mawa osaoneka, mkuja aonekanso. Ana ena amachita chimbudzi kawiri-kawiri, ena amadzikanda-kanda ndi kulira pochita chimbudzicho, ena amakhalanso ndi zotupa zoyabwa m'masaya.

Chodabwitsa ndi chakuti mwanayo amaoneka wamoyo ndithu. Ali kuyamwa mwamphamvu, thupi silitentha, maso ali gwa, amaseka, ndipo ku sikelo mzere wake uli kukwera mwezi ndi mwezi. Nthendayi siipatsirana. Siichokera ku madzi oipa kapena ku nchenche, ndipo mwana wina m'nyumbamo sangaitenge.

Magazi onse sali amodzi

Apa ndipo pofunika kuchera khutu. Musamve nkhani yanga ndi kunena kuti, "Mlangizi wati magazi m'thewera ndi chakudya chabe, tikhale pansi." Sindinatero ai. M'midzi mwathu muli matenda ena oonetsa magazi m'chimbudzi amene amapha mwana msanga, ndipo inu ndi maso anu simungathe kuwasiyanitsa.

Alipo matenda a kamwazi, odza ndi tizirombo ta m'madzi oipa, m'manja mosasamba ndi m'ziwiya zosatsuka. Amenewa afuna mankhwala a kuchipatala. Iripo nthenda ina imene thumbo limalowa m'kati mwa thumbo linzake ndi kutseka njira. Mwana amalira mwadzidzidzi atapinda miyendo, natonthola, naliranso, ndipo chimbudzi chake chimakhala magazi okhaokha onanda. Ameneyo akachedwa tsiku limodzi kapena awiri angathe kutisiya. Alipo makanda amene magazi ao saundana bwino, makamaka obadwira kunyumba amene sanalandire jekeseni wa vitamini K pobadwa. Ziriponso zifukwa zina zazing'ono: kachironda kotulukira chimbudzi, kapena magazi a mai amene mwana wameza poyamwa bere long'aluka nsonga.

Chifukwa chake lamulo ndi limodzi: mwana ali yense wa kubere amene waonetsa magazi m'chimbudzi apite kuchipatala tsiku lomwelo, ngakhale aoneke wosangalala. Ndipo mukaona chimodzi mwa izi, musadikire kuti kuche:

1. Thupi latentha, kapena lazizira kopambana.

2. Mwana akukana bere, kapena wafooka, ali kungogona.

3. Ali kusanza chiri chonse, makamaka masanzi obiriwira onga ndulu.

4. Mimba yatupa ndipo yauma.

5. Magazi achuluka, kapena chimbudzi chada bii.

6. Liwombo lalowa, maso alowa, mkodzo wachepa.

7. M'zikhatho ndi m'maso mwayera, kusonyeza kuchepa kwa magazi.

8. Ali kukomoka.

Pitani kuchipatala chimene muli nacho pafupi, kaya ku Nkhamenya, kaya china, ndipo akakutumizani ku chipatala chachikulu cha Boma ku Kasungu musazengereze. Tengani buku la sikelo la mwana. Tenganinso thewera lomwelo la magazi, mulikulunge m'pepala la pulasitiki, kuti adokotala akaone okha. Mai ayamwitse mwana njira yonse.

Kuyesa chinthu chimodzi pa nthawi imodzi

Achipatala akamupima mwana, nakapeza kuti alibe matenda oopsya aja, ndipo ali kukula bwino, pamenepo ndipo angaganizire za chakudya. Dziwani kuti palibe kupima magazi kumene kumaonetsa nthenda imeneyi. Njira yake ndi yonga ya munda wachitsanzo, umene alimi nonse muudziwa. Tikafuna kuona ngati manyowa athandiza chimanga, sitisintha mbeu, mizere, tsiku lobzala ndi manyowa zonse pamodzi ai. Tikatero sitingadziwe chimene chathandiza. Timasintha chinthu chimodzi, zina zonse zikhale monga kale.

Momwemonso mai amauzidwa kusiya chakudya chimodzi, ndipo poyamba chimakhala mkaka wa ng'ombe ndi zonse zopangidwa ndi mkaka. Ngati mkakawo ndiwo unali kuwenga mwana, magazi amayamba kuchepa pakapita masiku 3 kapena 4, ngakhale kwa ana ena pamatenga masabata 2 kuti atheretu. Masabata 2 akatha popanda kusintha, mai abwerere kuchipatala. Kumeneko ndiko adzamuuza ngati ayese kusiya mazira kapena soya. Mai amene samwa mkaka nkomwe, monga ali ambiri m'midzi mwathu, awauze achipatala zimenezo poyamba pomwe, ndi kuwachulira zimene amadya kawiri-kawiri.

Pali gawo lachiwiri limene ambiri amaliiwala. Magazi akaleka, ndipo papita ngati mwezi umodzi, achipatala angamuuze mai kuti ayambenso kudya chakudya chija. Magazi akabweranso, ndiye kuti tagwira mwini mlandu, ndipo mai achisiyenso. Akapanda kubweranso, mai ali mfulu, adye monga kale. Gawo limeneli nlofunika chifukwa kwa ana ambiri magazi amaleka okha, chakudya chisanalakwe kanthu. M'chaka cha 2006 madokotala a ku Finland anafalitsa zimene anapeza pa makanda 40 oonetsa magazi m'chimbudzi. Atayesa bwino-bwino, ana 7 okha ndiwo anapezeka kuti mkaka wa ng'ombe umawawengadi. Taonani tsono, kukanakhala kulakwa kotani kuwamana mkaka amai onse 40 kwa chaka chathunthu.

Mkaka umabisala

Mai wina adzati, "Ine ndinasiya mkaka, koma magazi sanaleke." Mukafunsitsa mudzapeza kuti anasiya wa m'kapu wokha. Mkaka uli m'zinthu zambiri. Uli m'tiyi wa kumsika, mu mkaka wa ufa, m'chambiko, mu yogati, m'majarini ena, m'mabisiketi, m'maswiti a mkaka, ndipo ena amauthira m'masikono ndi m'mandasi. Kuwiritsa mkaka kumapha tizirombo, koma sikuchotsa chimene chimawenga mwana. Kuusasitsa sikuchotsanso. Mkaka wa mbuzi ndi wa nkhosa ndi wapachibale ndi wa ng'ombe, kotero mwana wowengedwa ndi wina amawengedwanso ndi winawo kawiri-kawiri.

Inu abambo, kumbukirani izi msika wa fodya ukatsegulidwa ku Chinkhoma. Ndalama zikalowa m'thumba, mwamuna wokonda banja lake amagula chitini cha mkaka wa ufa, majarini ndi mabisiketi kuti akazi ake amene ali ndi khanda anenepe. Nchabwino ndithu, ndipo m'nyumba zambiri mupitirize kutero. Koma m'nyumba imene achipatala aletsa mkaka, ndalama imeneyo mugulire usipa, nyama, nyemba ndi mafuta ophikira.

Amene aletsedwa soya akumbukire kuti nyama ya soya ya m'mapaketi ndi soya yemweyo, ufa wa soya wothira m'phala ndi soya yemweyo, ndipo Likuni Phala amapangidwa ndi chimanga chosakaniza ndi soya. Mai amene amalandira phala lotere awauze amene amamupatsa, kuti amulangize chodya m'malo mwake. Amene aletsedwa mazira afunse za makeke ndi mandasi asanagule.

Nanga mai adye chiani?

Mai woyamwitsa ali kudyera anthu awiri, ndipo kuno kwathu amagwiranso nchito yolemetsa, kumunda, kuchigafa, kumadzi ndi kunkhuni. Kumuchotsera chakudya chimodzi osamuikira china ndiko kumupha ndi njala pang'ono-pang'ono. Magulu 6 a zakudya amene timaphunzitsa sasintha: zokhutitsa, zanyama, zanyemba, zamasamba, zipatso ndi zamafuta. Chimene chachoka ndi chinthu chimodzi m'gulu limodzi, gulu lonse likalipo.

Mkaka umapatsa thupi zomanga thupi ndi mchere wolimbitsa mafupa wochedwa kashiamu. Zonsezi tiri nazo m'zakudya zina za konkuno. Usipa ndi matemba, zodyedwa pamodzi ndi minga yake, ziri ndi mchere umenewu wambiri. Bonongwe, chisoso, nkhwani, mpiru ndi khwanya nazo ziri nao, ndiponso malambe. Zomanga thupi ziri mu nyemba, khobwe, nandolo, nzama ndi mtedza, mu nkhuku, mbuzi, mbewa, ngumbi ndi matondo. Nyama ya ng'ombe siiletsedwa pamodzi ndi mkaka ai, pokhapokha achipatala atanena. Mai adye nsima yake mokhuta, aonjezepo mbatata, maungu, nthochi, mapapaya ndi mango pa nyengo yake, ndipo amwe madzi ndi thobwa mokwanira.

Mudzi uli wonse uli nao alangizi a pakhomo. Wina adzati asiye mtedza, wina adzati asiye therere, wina tomato, wina nsomba, mpaka mai atsala ndi nsima ya mchere. Musalole zimenezo. Mai wofooka sangasamale mwana, ndipo akadwala iye nyumba yonse yadwala.

Zinthu zinai zoyenera kupewa

Choyamba, ndipo chachikulu koposa: musamuletse mwana kuyamwa. Anthu akamva kuti nthenda yadzera mu mkaka wa mai amafulumira kunena kuti mkakawo waola, mwana achoke kubere. Mkaka wa mai sunaole. Ndiwo chakudya chake, madzi ake ndi mankhwala ake, ndipo ndiwo umathandiza matumbo otupawo kupola. Bungwe la zaumoyo la dziko lonse lapansi, WHO, linalangiza m'chaka cha 2001 kuti mwana ayamwe bere lokha miyezi 6 yoyamba, napitirize kuyamwa pamodzi ndi zakudya zina mpaka zaka 2 kapena kupitirira. Unduna wathu wa Zaumoyo umaphunzitsa zomwezo. M'chaka cha 2016 akatswiri anawerengera m'magazini ya madokotala yochedwa The Lancet kuti ana onse atamayamwa moyenera, ana oposa 800,000 angapulumuke chaka chiri chonse pa dziko lapansi, ndi kuti bere limaletsa pafupi-fupi theka la matenda otsegula m'mimba. Timizere ta magazi timene tiri kukamba pano sitipha mwana wokula bwino. Kutsegula m'mimba ndi kunyentchera kwa mwana wochotsedwa kubere ndiko kumapha. Mai amene ali pa mankhwala a ma ARV naye apitirize kumwa mankhwala ake ndi kuyamwitsa bere lokha monga anamuuzira ku chipatala, pakuti kusakaniza bere ndi zakudya zina mwana asanafike miyezi 6 kumaonjezera ngozi.

Chachiwiri: musamupatse mkaka wa ng'ombe, wa mbuzi kapena wa m'chitini m'malo mwa bere. Mkaka wa makanda wa m'masitolo, wochuluka umapangidwa ndi mkaka wa ng'ombe womwewo. Ngati tizidutswa tochepa todzera m'mawere tatupitsa matumbo, nanga botolo lathunthu lidzachita zotani? Kumeneko ndi kuthawa mvula ndi kugwera mu mtsinje. Ulipo mkaka wina wapadera wopangira ana owengedwa, koma mtengo wake ndi waukulu kwambiri, supezeka m'midzi, ndipo ndi adokotala okha angaulamule. Izi muzikumbukire pa nyengo yothyola ndi kusoka fodya, pamene mai amachoka m'mamawa ndi kusiya khanda ndi mlezi. Mlezi akaona mwana alira amamupatsa chiri chonse chiri pafupi. Khanda lipite ndi mai wake, likhale pamthunzi kutali ndi pfumbi la fodya, ndipo mai apatsidwe nthawi yoyamwitsa.

Chachitatu: musamumwetse mankhwala a m'nyumba. Dawale, mzuwula ndi madzi a mizu zimadzaza kamimba ka mwana kuti asayamwe mokwanira, ndipo zingalowetse tizirombo m'matumbo amene ali kale ndi tizironda. Makapisozi ogula pa golosale nao sachiza kuwenga, pakuti palibe kachirombo koti aphe, ndipo kwa khanda angathe kuononga.

Chachinai: musamuimbe mlandu mai. Mwana wakhanda akadwala, kwathu kuno timafulumira kunena za tsempho, kuti bambo kapena mai walumpha mwambo. Ena amati mai waima msanga, mkaka wasanduka. Ena amaloza chala nkhalamba ya pamudzi. Sindiri kunyoza akulu-akulu amene amasunga miyambo yathu. Ndiri kungonena chimene madokotala aona ndi maso m'matumbo a ana otere: kutupa kodza ndi chakudya, kumene kumatha chakudyacho chikachoka. Nthendayi imagwira ana a makolo osunga mwambo ndi osasunga omwe, kuno ndi kutsidya kwa nyanja. Mai amene anamwa tiyi wa mkaka sanachimwe, anadya chakudya chabwino monga tinamuuzira. Ngati pabanja pali nkhani yofuna ankhoswe, idzakambidwa pambuyo. Akulu anati mlandu suola. Koma mwana wodwala sadikira bwalo.

Mwana akamakula

Pano pali mau otonthoza mtima. Nthendayi si ya moyo wonse ai. Matumbo akamakhwima, chitetezo chimaphunzira kuzindikira chakudya, ndipo ana ochuluka amakhala atachira pofika chaka chimodzi. Ambiri a iwo amadzamwa mkaka ndi kudya mazira popanda bvuto liri lonse. Nthawi yoyesanso chakudyacho adzakuuzani ndi achipatala, ndipo amayamba ndi pang'ono.

Pa miyezi 6 mwana ayambe phala monga ana ena onse. Musachedwetse chifukwa cha mantha. Chopewa ndi chakudya chokhacho chimene chinapezeka kuti chimamuwenga. Zina zonse alandire, chimodzi-chimodzi, kuti china chikamubvuta muchidziwe: phala la mgaiwa lothira nsinjiro, ufa wa usipa, masamba osinja, dzungu, nthochi, ndi kamafuta pang'ono. Za nsinjiro musaope. Madokotala a ku London anaonetsa m'chaka cha 2015 kuti ana oyamba kudya mtedza akali aang'ono sawengedwa nao kawiri-kawiri monga ana ouyamba mochedwa. Koma mtedza wake ukhale wosinja, wouma bwino, wopanda chuku. Mtedza wathunthu umatsamwitsa mwana.

Kuli kuwenga kwa mtundu wina kumene muyenera kukudziwa, kosiyana ndi kumene takambaku. Mwana akadya chinthu, ndipo nthawi yomweyo milomo ndi maso zatupa, thupi lachita ziwengo, mpweya ukubanika, kapena wasanza kwambiri mpaka kulefuka, imeneyo ndi ngozi. Thamangani naye kuchipatala, ndipo musamupatsenso chakudyacho kufikira adokotala atanena.

Musaleke kupita ku sikelo mwezi ndi mwezi. Sikelo ndiyo mboni yoona. Mwana amene mzere wake uli kukwera ali bwino, ngakhale kamzere ka magazi kaoneke mwa apo ndi apo. Amene mzere wake waima kapena watsika afunika kuonedwanso msanga. Katemera yense alandire pa nthawi yake, ndipo mai awauze obaya katemera za magaziwo kuti adziwe.

Mau kwa mafumu

Tsopano nditembenukire kwa inu eni midzi, magulupu ndi nyakwawa. Nkhani zotere zimafika kwa inu zisanafike kwa adokotala, ndipo mau anu amalemera kuposa anga. Ndikupemphani zinthu izi.

Banja likadza kudzadandaula kuti mwana waonetsa magazi ndipo wakuti-wakuti ndiye wachititsa, funso lanu loyamba likhale lakuti, "Kodi mwana mwapita naye kuchipatala?" Ngati sanapite, bwalo liimitsidwe, njinga ipezeke. Mudzi uli wonse uyenera kudziwiratu njinga, ngolo kapena njinga yamoto imene inganyamule wodwala usiku, ndi kumene kungachokere ndalama ya ulendo. Mutu umodzi susenza denga.

Pa misonkhano ya mudzi itanani mlangizi wa zaumoyo wa m'dera lanu adzafotokoze zizindikiro zoopsya zija, ndipo agogo akazi akhalepo, pakuti ndiwo amalamula za makanda m'nyumba zathu. Agogo akamvetsa, mudzi wonse wamvetsa.

Tetezani mai amene wauzidwa kusala chakudya china. Ku ukwati, ku maliro kapena kumpingo, akakana tiyi wa mkaka asanenedwe kuti ndi wonyada kapena kuti ali kukayika ophika. Ndiponso musalole kuti apongozi amulande mwana kubere.

Potsiriza, tsutsani mphekesera. Mwana mmodzi akawengedwa ndi soya, musalole kuti mudzi wonse uleke kulima soya kapena kuthira ufa wake m'phala la ana. Phesi limodzi likadwala sitizula munda wonse. Soya, mazira ndi mkaka ziri kukuza ana ambiri-mbiri m'boma lino, ndipo soya amabwezeranso chonde m'minda yathu yotopa ndi fodya ndi chimanga. Amai oyembekezera ndi oyamwitsa amene ana ao ali bwino asasale chakudya chiri chonse poopa nthendayi, pakuti kusala kotero sikuiletsa kudza.

Inu abambo, perekezani akazi anu kuchipatala kuti mukamve nokha malangizo. Ndinu mumagula za m'nyumba, ndipo ndinu mungayankhe abale anu akayamba kunena zambiri.

Tsono tisanasiyane tibwereze mitu yake. Magazi m'thewera, kuchipatala tsiku lomwelo. Achipatala akati ndi chakudya, mai asiye chimodzi chokhacho chimene anena, adye zina zonse mokhuta, ndipo abwerere pa tsiku limene amuuza. Mwana asachoke kubere. Amene muli ndi mafunso a zakudya zolowa m'malo mwa mkaka, mazira kapena soya, ndi kalimidwe kake, funsani mlangizi wa zaulimi wa kwanuko. Amene mwamva nkhaniyi mukawauzeko anzanu amene alibe wailesi.